Injini ya D-4D yoyendapo kale: zoyang'ana pogula, zomwe zimaipha, ndi kasamalidwe kake

Toyota Hilux ya dizilo yolembedwa D-4D yopangidwa pakati pa 2005 ndi 2015 imakhala ndi imodzi mwa injini ziwiri: 2KD-FTV ya malita 2.5 kapena 1KD-FTV ya malita 3.0. Injini zomwezi zilinso mu Fortuner ya zaka zimenezo ndi mu Hiace ya H200 imene ambiri amaiyendetsa ngati minibasi, ndipo 1KD imapezekanso mu Prado. Zonse ndi za masilinda anayi ndi mavavu 16, zili ndi turbo, ndipo mafuta amadutsa pa common rail ya Denso, paipi imodzi ya dizilo wopanikizidwa imene imadyetsa ma injector onse opopera mafuta mu masilinda. Thupi la injini ndi lachitsulo chochindikala, hedi ndi ya aluminiyamu. Ikasamalidwa bwino imatha kupitirira makilomita 400,000 isanatsekulidwepo.

Chimene chimaiwononga msanga n'kuisamala ngati 3L kapena 5L ya ma Hilux akale. Injini zakale zija nozo zake zinkatseguka pa mphamvu yosafika 200 bar, ndipo dizilo wa litsiro pang'ono zinkangomeza osadandaula. Mu D-4D dizilo amapanikizidwa kufika 1,350 bar pa zoyambirira, ndi 1,800 bar pa zapambuyo pake. Mpata wa pakati pa tizitsulo ta mkati mwa injector ndi ma micron ochepa chabe, pamene tsitsi limodzi la munthu ndi lochindikala pafupifupi ma micron 70. Kamchenga komwe diso silingaone n'kokwanira kupala pamenepo. N'chifukwa chake mavuto aakulu a injini imeneyi ambiri amayambira ku mafuta, ndipo amaonetsa zizindikiro nthawi yokonza ikadalipo.

Musanalipire

Pemphani wogulitsa asailize m'mawa umenewo inu musanafike. Mukafika, tsekulani boneti n'kuika dzanja pa injini. Ngati ndi yofunda, mubwerenso mawa lake, chifukwa injini ya dizilo yotentha imabisa zambiri.

Tembenuzani kiyi, dikirani nyali ya ma glow plug (zotenthetsera masilinda) izime, ndiye lizani. Yabwino imalira m'masekondi awiri kapena atatu n'kukhazikika osagwedezeka. Mvetserani bwino mphindi zoyambirira. Kugogoda kwakuthwa, kwachitsulo, kumene kumamveka kwambiri mukaponda mafuta pang'ono injini ikadali yozizira kenako n'kuchepa ikatentha, kumatanthauza kuti ma injector atopa. Wogulitsa angakuuzeni kuti madizilo onse amalira choncho. Si zoona.

Wina aime kumbuyo kuyang'ana ekizozi. Utsi wakuda ndi mafuta ochuluka kapena mpweya wochepa. Wabuluu ndi oyilo amene akupsa. Woyera wonunkha dizilo, wotha pakapita kanthawi, ndi mafuta osapsa bwino chifukwa cha glow plug yakufa kapena injector yodontha. Woyera wosatha ngakhale injini itatentha, madzi a mu rediyeta n'kumachepa, ndi gasiketi ya hedi kapena hedi yong'aluka. Pa injini za KD palinso chizindikiro china: kautsi kotuwa kotuluka kamodzi m'mawa galimoto itagona usiku wonse. Kameneko nthawi zambiri ndi oyilo amene watsikira mu silinda kudzera pa washala wa injector wotha, ndipo nkhani yake ili m'munsimu.

Injini ikulira, masulani chivindikiro cha pothirira oyilo n'kungochikhazika pabowo. Kunjenjemera pang'ono n'kwachibadwa. Chikamakankhidwa n'kugwa, utsi n'kumatuluka mopuma motsatira kulira kwa injini, ndiye kuti mpweya wa mu silinda ukuthawira kumunsi: maring'i atha, pistoni yang'aluka, kapena mawashala akudontha. Madzi ayang'aneni injini isanalizidwe. Akhale apinki kapena ofiira, oyera bwino. Adzimbiri akusonyeza kuti galimoto yakhala ikuyendera madzi a pampopi. Paipi yakumwamba ya rediyeta ikalimba gwa pasanathe mphindi imodzi chilizireni injini yozizira, kapena thovu likamatuluka mosalekeza m'thanki ya madzi, mpweya wa mu silinda ukulowa m'madzi.

Ndalama yolipira makaniko wokhala ndi kompyuta yoyezera si yotaya. Asangowerenga ma code, chifukwa amafufutika mosavuta. Muuzeni akuonetseni ma feedback value a injector iliyonse, injini ili yozizira komanso itatentha. Manambalawa amasonyeza kuchuluka kwa mafuta amene kompyuta ya galimoto ikuwonjezera kapena kuchotsa pa silinda iliyonse kuti injini ilire mofanana. Malire ake ndi pakati pa -3.0 ndi +3.0. Silinda imodzi ikapitirira pamenepo, pali vuto la injector kapena la compression, mphamvu imene pistoni imapanikizira mpweya. Aonenso ngati mphamvu ya mafuta mu rail ikutsatira imene kompyuta ikufuna poponda ndi posiya mafuta. Ngati pali chikayiko, yezetsani compression: masilinda asasiyane kupitirira 5 bar.

Makilomita a pa dashibodi musawadalire okha. Yerekezani ndi kutha kwa mapedulo, chiwongolero ndi mpando wa dalaivala. Potsiriza kwerani nayo chitunda chachitali mukuponda mafuta ndithu, diso lili pa singano ya kutentha ndi pa galasi loonera kumbuyo.

Dizilo ndi fyuluta yake

Dizilo sangopsa m'injini. Ndi iyenso amene amafewetsa ndi kuziziritsa pampu ndi ma injector, chifukwa mbali yopanikiza mafutayo safikako oyilo. Chilichonse chochepetsa kuterera kwa dizilo chimadya zitsulo zimenezo, ndipo adani ake ndi atatu: madzi, fumbi, ndi palafini kapena petulo wosakanizidwa.

Pa dashibodi pali nyali ya fyuluta ya mafuta, ndipo imayankhula mitundu iwiri. Ikamaphethira, m'munsi mwa fyuluta mwadzaza madzi. Imani pomwepo, zimitsani injini, ikani kachitini pansi pa fyuluta, masulani kapulagi kakunsi kawiri kapena katatu, n'kumapopa kapampu kapamwamba mpaka ayambe kutuluka dizilo yekhayekha. Mangani kapulagiko ndi dzanja, osati ndi pulayasi, chifukwa ndi kapulasitiki. Nyaliyo ikangoyaka osaphethira, fyuluta yatsekeka ndipo ikufunika yatsopano. Kupitiriza ulendo nyali ikuphethira n'kulola madzi afike ku pampu. Kumeneko amayambitsa dzimbiri, ndipo dontho la madzi likafika kunsonga ya nozo yotentha limasanduka nthunzi n'kuiwononga.

Musadikire nyali kuti musinthe fyuluta. Ndi mmene mafuta amayendera mtunda wautali kuchokera ku Beira, Nacala ndi Dar es Salaam asanafike m'thanki yanu, makilomita 20,000 ndi malire abwino, ndipo ngati munamwetsapo a m'zigubu, sinthani msanga. Posintha, pukutani kunja konse musanatsekule. Dizilo wotsala m'kabakete ka fyuluta muthireni m'botolo loonekera n'kumuunika padzuwa. Madzi amakhala pansi mwa iwo okha. Mukaona tinyenyeswa tonyezimira tachitsulo, pampu yayamba kudzidya yokha, ndipo kusintha ma injector okha kudzakhala kutaya ndalama: thanki, mapaipi ndi rail zonse ziyenera kutsukidwa, pampu n'kukonzedwa. Fyuluta yatsopano musaidzaze ndi dizilo wa m'botolo pofuna kuti injini ilire msanga, poti ameneyo amalowa osasefedwa. Ikani mphira zatsopano, tsekani, popani kapampu kamanja mpaka kalimbe, ndiye lizani.

Mafuta akasowa anthu amagula pomwe apezeka, ndipo kunena kuti musagule a m'zigubu n'kosavuta kwa munthu amene sakuyenda. Ngati palibe kuchitira mwina, thirani pang'ono m'botolo loonekera poyamba. Dizilo wabwino amaonekera bwino mkati, ndipo mukamutikita pakati pa zala amaterera. Wachifunga ali ndi madzi. Wouma msanga m'zala, wonunkha nyali ya koloboyi, ali ndi palafini, ndipo ameneyo m'siyeni ngakhale mtengo utakhala wabwino bwanji. Chigubu chikhazikike usiku wonse, muthire pang'onopang'ono kudzera pa fanulo yokhala ndi sefa, ndipo lita yomaliza yapansi musaithire. Musasunge dizilo m'ndowa kapena m'migolo ya malata opakidwa zinki, chifukwa zinkiyo amasungunukira m'mafuta n'kukatseka timabowo ta nozo. Kwa galimoto yoyenda kumidzi kawirikawiri, kuikitsa fyuluta yachiwiri yolekanitsa madzi n'kotchipa kuposa injector imodzi.

Wothira mafuta akalakwitsa n'kuthira petulo, musatembenuze kiyi n'komwe. Kankhani galimoto pambali, thanki ikhuthulidwe. Yesetsaninso kuti thanki isamakhale pansi pa kota: mpweya wa m'thanki yopanda kanthu umachita mame usiku, ndipo mafuta ochepa amatentha msanga chifukwa obwerera kuchokera ku injini amabwera otentha.

Chizolowezi china cha amakaniko a injini zakale n'choopsa pano. Pa 3L munthu ankamasula paipi ya nozo imodziimodzi injini ikulira kuti adziwe silinda yakufa. Pa common rail musayerekeze. Dizilo wa mphamvu imeneyo amaboola khungu n'kulowa m'mnofu, ndipo bala lake, ngakhale limaoneka laling'ono, limafuna chipatala tsiku lomwelo. Kuzimitsa silinda imodziimodzi kumachitika ndi kompyuta.

Mawashala a ma injector

Pa injini za KD ma injector ali pansi pa chivindikiro cha mavavu, m'malo momwe mumayenda oyilo. Pansi pa iliyonse pali washala wa kopa amene amatseka kuti moto wa mu silinda usakwere. Washalayo akatha, mpweya wotentha umadutsa m'mbali mwa injector, umawotcha kamphira kapamwamba, n'kuyamba kuphika oyilo. Oyilo wopsayo amasanduka timibulu touma takuda, timatsikira mu sampu, n'kukamatirira pa sefa ya paipi imene pampu ya oyilo imakokera. Sefayo ikatsekeka oyilo amachepa m'njira zake zonse. Turbo ndi imene imayamba kuvutika, kenako mabering'i a crankshaft, mapeto ake injini yanoka. Galimoto imatha kumayenda bwinobwino mpaka tsiku limenelo, ndipo 1KD zoyambirira ndi zimene zinatchuka kwambiri ndi vutoli.

Kuyang'ana kwake n'kosavuta. Pa Hilux sefayo ili pamwamba penipeni pa bowo lokhuthulira oyilo. Nthawi iliyonse mukakhuthula, dikirani asiye kudontha, ndiye unikani m'bowomo ndi tochi yaing'ono kapena kakamera ka pa waya. Muyenera kuona timabowo ta sefa bwinobwino. Ngati taphimbika ndi zakuda, sampu itsitsidwe, sefa itsukidwe kapena isinthidwe, ndipo mawashala asinthidwe nthawi yomweyo. Kutsuka sefa kokha osasintha mawashala n'kungoimitsa vuto kwa miyezi yochepa.

Galimoto yogula yopanda mbiri ya sevisi, sinthitsani mawashala musanayambe nayo maulendo aatali. Ntchitoyi ili ndi malamulo ake. Washala akhale watsopano nthawi iliyonse injector yazulidwa, ndipo gulani a mtundu watsopano umene Toyota inasinthira, okutidwa pamwamba. Kuwotcha washala wakale pamoto kuti afewe n'kumubwezeretsa, monga ena amachitira, sikugwira pa injini iyi. Pokhala washala mu hedi payeretsedwe mpaka pawale, popanda mwaye kulowa mu silinda. Mabawuti a zopanira ma injector amangidwe ndi torque wrench pa 22 Nm, osati moyeza ndi mkono: kuchepetsa washala amadontha, kupyoza injector imapindika mkati. Kapaipi kobweza mafuta kamene kali pansi pa chivindikiro kafunika timawashala tatsopano, ndipo kayesedwe kuti sikakudontha musanatseke, chifukwa kakamadontha dizilo amathira mu oyilo mwachindunji. Injector iliyonse ibwerere pa silinda yake yomwe.

Ma injector enieniwo kutha kwake kumadalira dizilo amene amwa. Kuyambira pa makilomita 150,000 muziwayezetsa pa sevisi iliyonse yaikulu. Yatsopano iliyonse imabwera ndi code yolembedwa pamutu pake, ndipo code imeneyo iyenera kulowetsedwa mu kompyuta ya galimoto pa silinda yoyenera. Popanda kutero injini imagogoda ndi kufuka ngakhale zonse zili zatsopano. Sinthani zinayi zonse pamodzi, ndi mapaipi ake achitsulo ngati mkati mwayamba dzimbiri. Zotchipa zopanda dzina zimene zimangofanana ndi za Denso kunja ndi zimene zimabweretsa vuto lotsatirali.

Injector yothira mafuta mopyola kapena mokhota imatenthetsa malo amodzi pamutu pa pistoni mpaka kung'aluka. Izi zimadziwika kwambiri pa 1KD zamphamvu zopangidwa kuyambira cha mu 2006, makamaka zimene zaikidwa chip yowonjezera mphamvu kapena zokoka katundu wolemera. Zimachitika mwadzidzidzi: kugogoda, utsi woyera wambiri, injini kugwedezeka, ndi utsi wotuluka pothirira oyilo. Zimitsani nthawi yomweyo n'kuikoka. Kuikakamiza kuti ifike kunyumba kumawonongetsa silinda yomwe.

Kavavu kotchedwa SCV

Kumbuyo kwa pampu kuli kavavu kamagetsi kogwidwa ndi mabawuti awiri, kamene kamayeza dizilo wolowa mu pampu. Kakayamba kukakamira galimoto imazima pa mphambano, imachita ngati ikutsamwa pokwera, kapena imataya mphamvu mwadzidzidzi nyali ya injini n'kuyaka. Mukazimitsa n'kulizanso imayenda bwino kwa kanthawi. Ma code ake kawirikawiri ndi P0093 kapena P1229. Yambani ndi fyuluta ya mafuta ndi kuona ngati mpweya sukulowa m'mapaipi, chifukwa zizindikiro zake n'zofanana. Vuto likapitirira sinthani SCV. Anthu ambiri agulitsidwapo pampu yathunthu pa vuto la kavavu kameneka. Kalipo ka mitundu ingapo, choncho gulani motsatira nambala yolembedwa pa pampu yanu, ndipo mukaika, kompyuta iphunzitsidwenso pampuyo.

Oyilo

Injini imalowa pafupifupi malita 7 pamodzi ndi fyuluta. Yopanda DPF (sefa ya mwaye mu ekizozi), 15W-40 wa dizilo wa mlingo wa API CH-4 kapena CI-4 amakwanira nyengo yotentha. Makilomita 10,000 ndi malire a galimoto yoyenda maulendo aatali pa tala. Ya m'misewu yafumbi, ya maulendo afupiafupi m'tauni, kapena minibasi yokhalitsa ikulira pa siteji podikira anthu, sinthani pa 5,000. Oyilo wa dizilo amada patangopita masiku ochepa, ndipo kuda kokhako sikutanthauza kuti watha.

Fyuluta ya oyilo pa Hilux imakhala chozondoka, kukamwa kuli pansi. Chimene chimaletsa oyilo kutsika usiku ndi kamphira ka mkati mwake, ndipo mafyuluta achinyengo amalephera pamenepo. Mudzadziwa poona nyali ya oyilo ikuchedwa kuzima m'mawa. Masekondi amenewo mabering'i akuzungulira ouma, tsiku ndi tsiku. Poika yatsopano pakani oyilo pa mphira yake, zunguzani mpaka igunde, n'kuwonjezera magawo atatu a magawo anayi a kuzungulira kamodzi. Lizani, zimitsani, dikirani mphindi zisanu, ndiye yezani.

Yezani oyilo sabata iliyonse pamalo athyathyathya. Kuchepa aliyense amakuopa, koma kuchuluka n'koopsanso. Mlingo ukamakwera wokha, oyilo n'kumanunkha dizilo ndi kupyapyala, mafuta akulowa mu sampu. Nyali yofiira ya oyilo ikayaka mukuyenda, malo oimira ndi pomwepo.

Kutentha

Hedi ya aluminiyamu sipirira kuwira. Kamodzi kokha n'kokwanira kuipinda kapena kuing'alula. Madzi ake ndi pafupifupi malita 10, ndipo akhale coolant, osati a pampopi kapena a pachitsime amene amasiya miyala m'timachubu ta rediyeta ndi kudya aluminiyamu. Wapinki wa Toyota amabwera wosakaniza kale. Woyamba amasinthidwa pa makilomita 160,000, kenako pa 80,000 aliwonse. Wofiira amasakanizidwa theka ndi theka ndi madzi oyera othira mu batire (distilled water) ndipo amafuna kusinthidwa pa zaka ziwiri. Mitundu yosiyana musaiphatikize.

Galimoto ikayamba kutentha, ena amathamangira kuchotsa thermostat. Kumeneko n'kubisa vuto n'kuyambitsa lina, chifukwa injini yosafika kutentha kwake imamwa mafuta ambiri, imachita mwaye, ndipo masilinda amatha msanga. Fufuzani chenicheni. Yotentha pokwera Chiweta kapena Khwekhwerere koma yozizira pa chigwa, kawirikawiri ndi kilatchi ya fani imene mafuta ake a silikoni atha, kapena rediyeta yotsekeka. Fani yabwino imamveka kufuula injini ikatentha. Injini itazima ili yotentha, kankhani fani ndi chala: ikazungulira momasuka kangapo, kilatchi yafa. Yang'ananinso pakati pa rediyeta ndi kondensa ya AC, pamene njere za udzu ndi matope zimaunjikana osaoneka kuchokera kutsogolo. Tsukani ndi madzi a mphamvu yochepa kuchokera kumbuyo. Chivindikiro cha madzi chotha mphira chimachititsanso madzi kuwira msanga, ndipo n'chotchipa kwambiri mwa zonsezi.

Singano ikakwera muli pa chitunda, imani pambali, zimitsani AC, tsekulani hita mpaka kumapeto, injini izilira pang'onopang'ono. Ngati madzi akutayika pansi kapena singano sikutsika, zimitsani. Chivindikiro musachitsekule mpaka paipi yakumwamba itafewa ndi kuzizira, ndipo musathire madzi ozizira m'injini yowira.

Mpweya, EGR ndi turbo

Fyuluta ya mpweya m'miyezi ya fumbi muziiyang'ana pa sevisi iliyonse. Poipemerera, mphepo ichokere mkati kupita kunja, ndipo ikhale yochepa mphamvu kuti pepala lisang'ambike. Pitirizani chala mkati mwa paipi yochoka ku fyuluta kupita ku turbo. Mukapeza fumbi, penapake pakulowa mpweya wosasefedwa, ndipo fumbi limenelo likupala mapiko a turbo ndi maring'i.

EGR imabweza gawo la utsi mu injini. Mwaye wa utsiwo ukakumana ndi nthunzi ya oyilo umapanga phala lakuda limene limachepetsa njira ya mpweya mu manifold. Galimoto imafooka pang'onopang'ono mwini wake osazindikira, imafuka, ndipo nthawi zina imaonetsa P0400. Vavu ya EGR, paipi yake yokhota ndi manifold zichotsedwe n'kutsukidwa zili kunja, pafupifupi pa makilomita 100,000 aliwonse. Kupala mwayewo zili pa injini kumagwetsera zibuma mu silinda. Kapaipi ndi kafyuluta kopita ku sensa ya MAP, yoyeza mphamvu ya mpweya mu manifold, kamatsekekanso ndi mwaye womwewo.

Turbo ya 1KD ili ndi timapiko tosuntha toyendetsedwa ndi kamota kamagetsi. Timakakamira ndi mwaye pa galimoto yongoyenda pang'onopang'ono m'tauni, ndipo code yake imakhala P1251 kapena P0045. Ulendo wautali wa liwiro labwino nthawi ndi nthawi umathandiza. Mukachoka pa liwiro la 100 km pa ola, injini ilire mphindi imodzi musanazimitse, ndipo mukangomaliza chitunda chachitali, mphindi ziwiri. Kuzimitsa nthawi yomweyo kumasiya oyilo akupsa m'mabering'i a turbo. Kunyowa pang'ono kwa oyilo m'mapaipi a intercooler, yoziziritsa mpweya wochokera ku turbo, n'kwachibadwa. Oyilo wochita chithaphwi ndi chenjezo, chifukwa injini ya dizilo imatha kuyamba kuyendera oyilo wake womwe n'kuthamanga yokha, kiyi osaimitsa. Zikatero pa galimoto ya manyuwo, pondani buleki mwamphamvu, lowetsani giya yomaliza, n'kusiya kilatchi. Pa otomatiki tsekani polowera mpweya ndi thabwa, osati ndi dzanja.

M'dzinja musawoloke madzi ofika pamwamba pa matayala. Injini ikazimira m'madzi musailizenso. Madzi sapanikizika, ndipo kutembenuza kiyi kamodzi kumapinda con rod, chitsulo cholumikiza pistoni ku crankshaft. Ma glow plug azulidwe, madzi apopedwe kunja, oyilo ndi fyuluta ya mpweya zisinthidwe.

Lamba wa timing ndi mavavu

Pa Hilux lamba wa timing amasinthidwa pa makilomita 150,000, koma pa Hiace yochokera ku Japan ndi pa 100,000. Nyali ya T-BELT imangowerenga makilomita, siona lambayo, ndipo munthu angaizimitse osasintha kanthu. Magalimoto ochokera ku Japan nthawi zambiri amakhala ndi kasitika pa chivindikiro cha lamba kosonyeza tsiku ndi makilomita amene anasinthira. Popanda umboni wotere, sinthani. Lamba akaduka mapistoni amagunda mavavu.

Sinthani lamba, kapule kake ndi tensioner pamodzi. Pampu ya madzi imafikika bwino lambayo atachotsedwa, choncho ngati ikuonetsa kudontha kapena kulira, nthawi yake ndi yomweyo. Mukamaliza, zunguzani crankshaft kawiri ndi sipanala n'kuonanso ngati zizindikiro zonse zakumana musanagwire kiyi. Mpata wa mavavu umayezedwa injini ili yozizira: 0.20 mpaka 0.30 mm olowetsa mpweya, 0.35 mpaka 0.45 mm otulutsa utsi. Nthawi yabwino yoyeza ndi pamene chivindikiro chatsekulidwa kale posintha mawashala.

Yovuta kulira m'mawa, yambani ndi zotchipa. Batire lopuma lisonyeze 12.6 V, ndipo injini ikulira pakhale pakati pa 13.8 ndi 14.4 V. Common rail imafuna sitata yozungulira mwachangu kuti mphamvu ya mafuta ikwane kompyuta isanalole ma injector kutseguka, ndiye batire lofooka limaoneka ngati vuto la pampu. Glow plug yabwino imasonyeza pafupifupi 1 ohm pa mita. Ngati kapampu kamanja ka pa fyuluta kamakhala kofewa m'mawa, ndipo mukakapopa galimoto imalira msanga, mafuta akubwerera ku thanki usiku chifukwa mpweya ukulowa pa mphira kapena pa paipi yong'aluka.

Hiace yochokera ku Japan yokhala ndi DPR

Kuyambira 2007, Hiace ya dizilo yogulitsidwa ku Japan inayamba kubwera ndi 1KD yokhala ndi sefa ya mwaye mu ekizozi, imene Toyota imaitcha DPR ndipo ena amati DPF. Sefayo imadziyeretsa powotcha mwaye ekizozi ikatentha mokwanira, zomwe zimafuna kuyenda kosadukiza. Minibasi yoima pa siteji iliyonse siipatsa mpata umenewo. Dizilo wa ku Japan ali ndi sulfure wosapitirira 10 ppm, pamene mlingo umene Malawi inasamukirako mu 2017 ndi 50 ppm, choncho sefayo imagwira ntchito yolemerako kuno.

Oyilo wake ndi wosiyana: JASO DL-1 kapena ACEA C2, wa phulusa lochepa. 15W-40 wamba amasiya phulusa limene silipsa, ndipo sefa imatsekeka kotheratu. Nyali ya DPR ikayamba kuphethira, yendani pa msewu waukulu mosadukiza mpaka izime, kapena imikani galimoto panja, kutali ndi udzu wouma ndi mapepala, ikani pa P kapena pa nyutulo ndi handibuleki, n'kudina batani lake. Injini imakweza kulira yokha kwa mphindi 15 mpaka 40, ndipo musaizimitse kapena kuponda mafuta isanamalize. Mukanyalanyaza mpaka nyali ya injini itayakanso, batanilo limakana, ndipo kuwotchako kumafuna kompyuta ya ku galaja. Kuwotcha kodukizadukiza kumatha kutsitsira dizilo mu sampu, ndiye pa galimoto zimenezi mlingo wa oyilo ukapitirira chizindikiro chapamwamba, khuthulani ngakhale makilomita a sevisi asanakwane.